Nambala ya pa Sutikesi ya Alamu Anga

1

Ndine Violet, ndipo kwa zaka zisanu ndi ziwiri ndinkagulitsa zikwama ndi masutikesi m'shopu ya a Anwar ku Katete, pafupi ndi pokwerera maminibasi a ku Chipata. Anthu ankandidziwa ndi luso limodzi lokha: sutikesi imene mwini wake waiwala nambala, ine ndinkaitsegula popanda mpeni kapena nyundo. Luso limeneli linandidyetsa zaka zonsezo, ndipo ndi lomwenso linadzandipachika.

Anthu ndi oseketsa, inu. Sutikesi yatsopano imabwera timawilo titatu ta pa loko tili pa 0-0-0. Munthu akagula, ndinkamuonetsa kasinthidwe kake: tsegulani kaye, dinani kabatani ka m'mbali ndi nsonga ya bolopeni mpaka kalire, zungulizani timawilo pa nambala imene mwaikonda, kenako kankhani chotsegulira. Basi, yatheka. Ndiye wina amasankha nambala yochenjera kwambiri kuti wakuba asaiganizire, n'kupezeka kuti woyamba kulephera kuiganizira ndi iye mwini. Pakatha sabata amabwera atasenza sutikesi pamutu, thukuta lili kamukamu, akulumbira kuti loko ndiyo yapenga.

Ine ndinkangoyatsa tochi ya foni n'kuunika pa kampata ka m'mbali mwa kawilo kalikonse. Ukamakazunguliza pang'onopang'ono, umaona kabowo kakang'ono mkati. Timabowo titatu tikayang'ana mbali imodzi, umazunguliza timawilo tonse pamodzi, nambala imodziimodzi, mpaka loko igonje. Kusintha nambala ndinaphunzitsa anthu ambiri, ngakhale asisi anga a Dinnah, tsiku lina atadzagula sutikesi yopitira ku msonkhano wa amayi a chigwirizano. Koma za tochizi ndinkazisunga ndekha.

Lachitatu lina m'mwezi wa Juni foni inalira ndili kuseri kwa kauntala. Anali a Dinnah. Panali patatha mwezi chiikireni maliro a amuna awo, alamu anga a Nelson, amene anagwa pa njinga yamoto pamsewu wa ku Vubwi, kumene ankagula soya.

"Violet, Loweruka abale a malemu akubwera kudzagawa katundu ndi kundisudzula."

"Ndamva, asisi. Ndibwera."

"Ubwere ndi luso lako lija. Mwini nyumba imene alamu ako ankachita lendi ku Vubwi watumiza sutikesi yawo, yofiirira ija. Ndi yokhoma, ndipo palibe akudziwa nambala."

Sutikesi yofiirira ija ndinaigulitsa ndine, nambala yake ndinaiika ndine, ndipo ndinkadziwa chimene chinali m'kathumba ka pansi pa nsalu yake ya mkati. A Dinnah akanangochiona chinthu chimenecho, ndinalibenso mkulu wanga, ndinalibenso kwathu, ndipo ukwati wanga wa mu Seputembala ukanafa usanabadwe.

"Ubwerenso ndi Rebecca," anawonjezera. "Ndamusowa mwanayo."

2

Rebecca ndi mwana wanga, ndipo nthawi imeneyo anali ndi zaka zinayi. Aliyense ankadziwa kuti bambo wake anali dalaivala wa ku Mozambique amene anandinamiza n'kusowa. Clement, mphunzitsi amene ankafuna kundikwatira, anaimva nkhani imeneyi kamodzi ndipo sanandifunsenso. Anali mwana wa mkulu wa mpingo, munthu wosavuta, wokhulupirira anthu mpaka kukuchititsa manyazi.

"Ndikuperekeze kumudzi," anatero Lachisanu masana atandipeza kushopu. "Nkhope yakoyi sikundisangalatsa. Ukudwala?"

"Ndi chisanu chabe. Khalani, za maliro a eni ake musazilowerere musanakwatire."

Anaseka, ine ndinalephera kumuthandiza kuseka. Ngakhale a Anwar anaona kuti mutu wanga suli pantchito, chifukwa ndinapatsa kasitoma chikwama cha sukulu pamene iye ankafuna cha ulendo. "Violet, maliro si anatha last month?" anandifunsa. "Pita ukapume, koma Mande uzipezeka pano."

Nzeru yanga inali imodzi. Ndikafika, ndikayerekeze kulephera, ndinene kuti loko imeneyi ikufuna zida za kushopu, ndinyamule sutikesi kupita nayo ku Katete. Kumeneko ndikanachotsa chinthu chija n'kuibweza m'mawa mwake. Ndinaiona kuti ndi nzeru yabwino, poti munthu wamantha nzeru iliyonse amaiona yabwino.

Mudzi wathu uli kuseri kwa Sinda, ndipo ine ndi Rebecca tinafika Loweruka dzuwa litangokwera pang'ono. Kunali mphepo yozizira yonyamula fumbi ndi makoko a chimanga. A Dinnah anatilandira atavala zakuda. Ndiwo anandilera amayi atamwalira, ndipo moyo wanga wonse sindinawamvepo akukweza mawu. Ndi munthu woti akhoza kukhala pamphasa tsiku lonse akusankha mtedza umodziumodzi mpaka thumba lithe. Anakhala m'banja zaka khumi ndi zinayi opanda mwana, ndipo matonzo onse a kuchimuna anawameza chamumtima.

Anamunyamula Rebecca n'kumuyang'ana kumaso nthawi yaitali, kenako anamugwira makutu ngati akuwayeza.

"Wakula," anatero. "Makutu awa sindinawaonetsetsepo chikhalire."

3

Abale a malemu anachokera ku Mkaika, motsogozedwa ndi atsibweni awo, a Sakala. Anthu a mbali zonse ziwiri anakhala pabwalo, amuna pamipando, amayi pamphasa. Pakati panali mulu wa malaya, nsapato, wailesi, sikelo yoyezera soya, ndi sutikesi ija itaima payokha. Ndinagwada, ndinazunguliza timawilo uku ndi uku, ndinagwedeza mutu monga amachitira amakaniki akafuna kukuopseza.

"Iyi yavuta, atsibweni. Yalowa fumbi. Ndipite nayo ku Katete, mawa ndibwera nayo yotsegula."

A Sakala anandiyang'ana ngati ndatukwana. "Mayi, katundu wa malemu satuluka pabwalo asanagawidwe. Mawa wina adzati munali foni, wina adzati munali mapepala a munda, ndiye tidzafunsa ndani? Itsegulidwe pano, tonse tikuona."

Mphwake wa malemu wina anatulutsa mpeni kuti angodula zipi. A Sakala anamukalipira. "Bweza! Kwathu chinthu cha munthu wakufa sitiching'amba ndi mpeni ngati tikusenda mbuzi. Chitsegulidwe mwaulemu monga ankachitsegulira mwini wake."

Apo nzeru yanga inathera. Ndinayesa ina. Ndinati pabwalo pakuwala kwambiri, tochi singaonetse timabowo, ndiyenera kulowa nayo m'nyumba momwe muli kamdima. Zimenezi zinali zoona ndithu. A Sakala anavomera, koma anati a Dinnah alowe nane, ndipo loko ikagonja tisatsegule mkatimo, tibwere nayo panja.

Tinalowa m'chipinda chochezera. A Dinnah anakhala pampando, manja pamiyendo, ine ndinagwada pansi ndi tochi. Ndinkamva kupuma kwawo kumbuyo kwanga. Patapita kanthawi anaimirira.

"Milomo yako yauma. Ndikutungire madzi."

Anatuluka cha kukhomo la kuseri. Sindinadikire. Zala zanga zinathamanga zokha: 9, 1, 2. Ndinangofuna mphindi imodzi yoti nditsegule, ndipise dzanja pansi pa nsalu, ndibise chinthucho m'bulauzi, nditsekenso. Ndinakankha chotsegulira.

Sichinasunthe.

Ndinakankhanso mwamphamvu mpaka chala chinawawa. Ndinayang'anitsitsa timawilo: 9-1-2, ndendende. Nambala imene ndinaiika ndi manja anga zaka zinayi zapitazo inali itakana.

"Madzi awa."

A Dinnah anali ataima pambali panga, kapu ili m'manja. Sindinamve pamene analowera. Maso awo sanali pa ine, anali pa timawilo tija, ndipo ine ndinali nditaiwala kutisokoneza. Anayang'ana, anandipatsa kapu, anabwerera pampando wawo.

4

Tsopano ndinalibe pothawira. Ndinagwira ntchito yanga yeniyeni ndi tochi ija. Kabowo koyamba kanaoneka, kachiwiri, kachitatu. Ndinayamba kuzunguliza timawilo tonse pamodzi, ndipo pa ulendo wachinayi chotsegulira chinafewa. Nambala inali 2-0-3.

Ndinaizindikira nthawi yomweyo. Pa 20 Malichi ndi tsiku limene a Dinnah ndi a Nelson anamanga ukwati, ine ndili kamtsikana komwaza maluwa. Ndikuvomera pamaso panu kuti ngakhale ndinali pakamwa pa ng'ona, mtima wanga unabaidwa ndi nsanje. Ndinaganiza kuti malemu anasintha nambala ija okha asanamwalire.

Tinaitulutsa panja. A Sakala anapemphera mwachidule, kenako anatsegula. Anatulutsa mathalauza awiri, jekete, Baibulo, lumo, buku lolembamo soya. Chilichonse ankachikweza m'mwamba kuti onse aone. Atatha anayamba kupapasa nsalu ya mkati, ndipo zala zawo zinapeza kazipi kobisika kaja. Ndinatseka maso. Ndinamva kazipi kakulira, ndinamva mphepo, ndinamva Rebecca akuseka ndi anzake kuseri kwa nkhokwe.

"Muno mulibe kanthu," anatero a Sakala.

Ndinatsegula maso. Dzanja lawo linatuluka lopanda kanthu. Ndinatsala pang'ono kululutira pamaliro a eni. Ndinati mumtima, a Nelson, mwachita bwino, munatentha chinthu chija monga ndinkakupemphani. Ndinathandiza kugawa zovala mokangalika, ndinatumikira alendo, ndinaseka ngakhale nthabwala zosaseketsa za a Sakala. Akuluakulu anati mbuzi ikakondwa amalonda ali pafupi, koma ine tsiku limenelo miyambi ndinali nditaiiwala.

Mwambo wosudzula utatha, a Sakala anafunsa amene atenge sutikesi. A Dinnah anayankhula koyamba pabwalopo.

"Ngati abale avomera, ipite kwa mng'ono wangayu. Waivutikira."

Onse anavomera, ena mpaka anawomba m'manja. Alendo ananyamuka dzuwa likupendeka kuti akapeze galimoto pamsewu waukulu. Ine ndinayamba kumuveka Rebecca juzi kuti nafenso tizipita.

"Musiye asewere," anatero a Dinnah. "Iwe tiye kudimba, ukandithandize kuthyola mpiru woti upite nawo."

5

Kudimba sitinathyole kanthu. Titangodutsa mpanda, a Dinnah anamasula mfundo ya chitenje chawo n'kutulutsa khadi lopindidwa pakati, lakuda m'mphepete. Ndinalidziwa lisanatambasulidwe. Linali khadi la kusikelo loyamba la Rebecca, lolembedwa pa kiliniki ina ya ku Vubwi. Tsiku lobadwa, 9 Disembala. Dzina la mayi, langa. Dzina la bambo, Nelson.

Dalaivala wa ku Mozambique kunalibe, abale anga. Sanakhaleko n'komwe. Zinayamba pamene alamu ankadutsa kushopu popita ku Vubwi, kundisiyira mtedza ndi mbatata zochokera kwa asisi. Mimba itakula ndinauza anthu kuti ndapeza ganyu kumalire, ku Vubwi, ndipo ndinakachirira kumeneko. Namwino atafunsa dzina la bambo, a Nelson, munthu amene anatonzedwa zaka khumi kuti sabereka, analitchula dzina lawo mokweza ndisanatsegule pakamwa. Nditabwerera ku Katete ndinanama kuti khadi latayika n'kulembetsa lina lopanda dzina la bambo. Loyambalo a Nelson anakana kulitentha. Anati ndi umboni wokhawo umene ali nawo padziko. Anagula sutikesi, ine ndinaika tsiku lobadwa la mwana pa loko, 9-1-2, ndipo tinalitsekera mmenemo.

Ndinagwada m'matope. "Asisi..."

"Usandiitane kaye." Mawu awo anali ofatsa monga mwa masiku onse, ndipo n'chimene chinandiopsa kwambiri. "Sutikesi ija inafika Lolemba la sabata yatha. Namfedwa saloledwa kuyendayenda, ndiye ndinali ndi nthawi. Ndinayamba pa 0-0-0, kenako 0-0-1, kenako 0-0-2. Masiku atatu. Inatsegukira pa 9-1-2."

"Ndiye nambala ina ija..."

"Unandiphunzitsa wekha. Bolopeni, kabatani." Anapinda khadi lija bwinobwino. "Ukudziwa, Violet, nditaliona khadili ndinakukanira. Ndinati mwina alamu ake anangomubwereka dzina kukiliniki kuti mwana wa amayi anga asachite manyazi. Ndinati mwina tsiku la mwanayo analiika pa loko chifukwa chomukonda, poti m'nyumba mwathu munalibe mwana. Ndinalumbira kuti ukabwera n'kuoneka kuti nambala sukuidziwa, khadili ndiliponya pamoto, nkhani ithere pomwepo. Madzi aja sindinapite kukatunga kutali. Ndinaima pakhomo, ndipo zala zako sizinasochere ngakhale kamodzi."

Ndinalira, ndinagwira mapazi awo, ndinanena zonse zimene munthu wogwidwa amanena. Anandisiya mpaka ndinatopa.

"Sindiuza munthu," anatero. "A Sakala sadziwa, mpingo sudziwa, Clement wakoyo sadziwa. Ukwatiwe mu Seputembala, ine ndidzavina kuposa onse. Koma mwana wa amuna anga atsala pakhomo pa amuna anga. Zaka khumi ndi zinayi anthu akundiloza chala, zinayi zomalizazi inu awiri mukudziwa kuti mwana alipo. Rebecca sakwera nawe minibasi lero."

"Asisi, ndi mwana wanga!"

"Ndi wako, inde. Mutenge. Ine mawa ndikwera yoyamba ya ku Mkaika ndi khadili, ndikachoka kumeneko ndidzera kwa apongozi ako. Sankha."

6

Ndikanakonda kukuuzani kuti ndinamunyamula mwana wanga kumsana n'kuwauza kuti apite kulikonse kumene akufuna. Ndi zimene mayi amachita. Ine ndinaganiza za nkhope ya Clement, za amayi a mumpingo, za anthu a pamsika wa Katete akundiloza ndi milomo. Ndinadzuka m'matope muja n'kuyamba kubwerera kunyumba, ndipo a Dinnah anadziwa kuti ndasankha kumusiya.

Titabwerera, anauza anthu a pamudzi kuti ndawasiyira mwana kuti awachotse mphwayi ya umasiye. Amayi ena anandiyamikira. "Wachita bwino, Violet, mwana wa mng'ono ndi wa mkulu yemwe. Ukalowe m'banja manja ali opepuka." Kwathu zimenezi sizidabwitsa munthu, ndipo n'chifukwa chake palibe anafunsa funso.

Rebecca ndinamuuza kuti ndikupita kukagula mabisiketi. Anandiuza kuti ndigule a kirimu, n'kubwerera kumasewera ake osatembenuka.

A Dinnah anandiperekeza mpaka pamsewu, atasenza okha sutikesi ija. Minibasi itaima anaitula pamapazi anga, ndipo ndinaona kuti ndi yokhoma.

"Ndabwezera nambala yako yakale," anatero. "Tsiku limenelo chaka chilichonse uzibwera, udzamuone. Masiku enawo usavutike."

Ukwati unachitika mu Seputembala, ndipo a Dinnah anavinadi kuposa onse. Tsopano papita zaka zitatu. Clement amandifunsa kawirikawiri kuti mwana tikamutenga liti, ine ndimati asisi akadali osungulumwa. Ntchito ya kwa a Anwar ndinasiya, chifukwa munthu akabwera ndi sutikesi yokhoma ndinkalephera ngakhale kuigwira. Disembala wathayu ndinapita ndi diresi latsopano ndi mabisiketi a kirimu. Rebecca anandilandira mwaulemu, anagwada, kenako anathamangira kukhitchini akufuula kuti, "Amama, kwabwera anti a ku Katete!"

Inu amene mukuwerenga, ena mwa inu mwaweruza kale kuti a Dinnah ndi ankhanza. Musafulumire. Iwo anandipatsa zinthu ziwiri kuti ndisankhepo, ndipo amene anasankha ndine. Tchimo la ku Vubwi ndinalichita ndili wamng'ono ndi wopusa, koma la kudimba lija ndinalichita maso ali gwa, pofuna kusunga dzina langa. Ngati muli ndi chinthu chimene munachitsekera penapake n'kumadzitonthoza kuti nambala mukuidziwa nokha, dziwani kuti manambala a pa loko ndi chikwi chimodzi chokha, ndipo munthu amene munamulakwira ali ndi nthawi yowayesa onse. Pitani mukamuuze ndi pakamwa panu asanafike pa yanu.

Sutikesi ija ili pamwamba pa wadilopu m'chipinda chathu, yopanda kanthu. Sabata yatha Clement anaitsitsa kuti apite nayo ku msonkhano wa aphunzitsi ku Chipata. Anandifunsa nambala, ndinamuuza, ndipo anamwetulira.

"Tsiku la Rebecca. Koma iwe mwanayu umamukonda."

Anandipatsa bolopeni kuti ndimuikire ina yosavuta kukumbukira. Ntchito yake ndi ya mphindi imodzi, ndipo ku Katete kuno palibe angandipose. Ndinamubwezera bolopeniyo n'kumuuza kuti loko imeneyi inawonongeka, sisinthika.